Momwe mungalembere ndemanga ya nthano yaitali ya nkhondo yachipembedzo

Munthu wamaliza buku la masamba 600 kapena kuposa, nthano ya dziko longopeka momwe aneneri, ansembe, amatsenga ndi mafumu asonkhanitsa asilikali kuti akalande mzinda woyera. Akafuna kuuza anzake pa Facebook kapena m'gulu la WhatsApp, kawirikawiri amagwa mbali imodzi mwa ziwiri. Mwina amabwereza nkhani yonse mpaka kuulula amene wafa kumapeto, apo ayi amalemba mzere umodzi wakuti "buku lamphamvu koma lovuta" n'kusiyira pomwepo. Zonsezi si ndemanga. Wowerenga wa ku Ulongue kapena ku Moatize, amene akuganiza zothera mamega ake ndi masabata atatu pa bukulo, akufuna mumuuze ngati mlembi wakwanitsa kusonyeza momwe munthu wabwinobwino amafikira popha mnzake pemphero lili pakamwa. M'mabuku a mtundu uwu nkhani yagona pamenepo.

Zofunika kukhala nazo

- Buku lenilenilo, la pepala kapena la pafoni. Likakhala la pafoni, tsegulirani pa pulogalamu yolola kupaka mtundu pa mizere ndi kulembapo timawu.
- Kope la masamba osachepera 48 lomwe simulembamo china chilichonse.
- Zolembera ziwiri, chabuluu ndi chofiira.
- Timapepala todula pafupifupi 30 toika pakati pa masamba.
- Mapepala awiri a A4 ojambulapo.
- Baibulo, komanso munthu mmodzi wachipembedzo chosiyana ndi chanu amene mungamufunse zinthu osayambana.
- Nthawi. Mukamawerenga masamba 25 mpaka 30 patsiku, buku la masamba 600 litha m'masiku 20 mpaka 24.

Kopelo ligaweni panayi: maina, zikhulupiriro, mafunso anu, ndi mawu omwe mungadzagwire m'ndemanga. Cholembera chabuluu ndi cha zomwe buku lanena. Chofiira ndi cha maganizo anu. Mukasakaniza ziwirizi, pakatha milungu iwiri simudzadziwanso kuti ganizo lina linali la ndani.

1. Lembani kaye za buku lomwe lili m'manja mwanu

Pa tsamba loyamba la kope lembani mutu wa buku, dzina la mlembi, chaka chomwe linatuluka koyamba, kampani yosindikiza, chiwerengero cha masamba, ndiponso ngati ndi loyamba, lachiwiri kapena lachitatu pa mndandanda wake. Mabuku ambiri otere anthu kuno amawapeza m'Chipwitikizi atamasuliridwa kuchoka ku Chingerezi, ena ku Brazil, ena ku Portugal. Lembani dzina la womasulira.

Chenjezo: manambala a masamba amasiyana pakati pa buku la pepala ndi la pafoni. Potchula malo, tchulani mutu wa nkhani, monga "mutu 14", osati tsamba lokha. Ndipo ngati mwawerenga lomasulira, musaweruze kukoma kwa chilankhulo ngati kuti ndi cha mlembi. Chiganizo cholemera chikhoza kukhala cha womasulirayo.

2. Pyolani masamba 100 oyamba osataya mtima

Apa ndi pomwe ambiri amalekera. Maina achilendo amagwa ngati matalala, mitundu isanu kapena isanu ndi umodzi, magulu a amatsenga, mbiri ya zaka zikwi ziwiri yomwe aliyense m'bukumo akuidziwa kupatula inu. Yang'anani kumapeto kwa buku, chifukwa nthawi zambiri kumakhala mapu ndi mndandanda wa maina. Musauloweze. M'kope lembani okhawo amene aonekera kachitatu, aliyense mzere umodzi: dzina, mbali yomwe ali, chomwe akufuna. Mupeza kuti ampangankhani osenza nkhani yonse sapitirira asanu ndi mmodzi kapena asanu ndi awiri.

Lembaninso tsamba lomwe munayamba kumva kuti nkhani yagwira. Ndi mfundo yothandiza kwambiri kwa wowerenga. Kumuuza kuti "limbani mtima mpaka mutu 5" kumamuthandiza kuposa kumuuza kuti buku ndi lovuta.

3. Jambulani zipembedzo zonse pa pepala limodzi

Tengani pepala la A4, ligoneni chopingasa. Pamwamba lembani zipembedzo zonse za m'bukumo, chilichonse mzere wakewake wotsika. Kumanzere lembani mafunso asanu awa: Amapembedza ndani? Amati munthu akafa amapita kuti? Ndani ali ndi mphamvu yolankhula m'malo mwa mulungu wawo? Tchimo lalikulu kwa iwo ndi liti? Mzinda kapena kachisi amene akulimbiranayo amaufunira chiyani?

Dzazani mabokosiwo pang'onopang'ono pamene mukuwerenga, ndipo paliponse lembani mutu womwe mwapeza yankho. Mukamaliza buku, yang'anani mabokosi omwe atsala opanda kanthu. Ngati mbali imodzi yadzaza, ili ndi mapemphero, maliro, nyimbo, mikangano ya ansembe okhaokha, pamene mbali inayo muli mawu awiri okha, "adani" ndi "ankhanza", mwapeza chofooka chachikulu cha bukulo. Mlembi walemba nkhondo ya mbali imodzi. Mlembi waluso amapatsa mdani amayi ake, pemphero lake la m'mawa, ndi chifukwa chomveka choopera kugonja.

Onaninso mikangano ya mkati mwa chipembedzo chimodzi. Aliyense amene anakhalapo pa msonkhano wa akulu a mpingo amadziwa kuti anthu oimba nyimbo imodzi sagwirizana pa zonse. Gulu lankhondo la anthu zikwi zambiri lomwe onse amakhulupirira mofanana ndendende ndi lopeka mwaulesi.

Chenjezo: musathamangire kunena kuti "awa ndi Akhristu, awa ndi Asilamu". Mlembi akhoza kubwereka chovala kuchokera uku, pemphero kuchokera uko, n'kuumba chinthu chatsopano. Nenani kuti chakuti chikufanana ndi chakuti pa mfundo yakutiyakuti, ndipo itchuleni mfundoyo.

4. Fufuzani nkhondo yeniyeni yomwe ili pansi pa nthanoyo

Alembi ambiri a nthano zotere amakumba m'mbiri ya nkhondo za mtanda, zomwe Akhristu a ku Ulaya anamenya pofuna kulanda Yerusalemu. Dziwani mafupa ake kuti muzindikire chomwe chabwerekedwa. Papa Urban II analalikira ulendo woyamba ku Clermont mu 1095. Mfumu ya ku Constantinople, Alexios I, inalumbiritsa atsogoleri a ulendowo kuti malo omwe kale anali a ufumu wake akawalanda awabweze kwa iyo. Ankhondo a mtandawo anazinga mzinda wa Antioch kuyambira 1097 mpaka 1098, njala itawapha, ndipo ali pakati pothedwa nzeru munthu wina dzina lake Peter Bartholomew anati wapeza mkondo womwe unalasa Yesu. Asilikali analimba mtima n'kupambana. Yerusalemu anagwa pa 15 July 1099, ndipo anthu ambiri a mumzindamo anaphedwa. Mfumu yachisilamu Saladin inaulandanso mu 1187. Mu 1204 ankhondo a mtanda anafunkha Constantinople, mzinda wa Akhristu anzawo. Mukaona m'nthano mfumu yochenjera ikukakamiza akalonga kusaina pangano isanawapatse chakudya, kapena chinthu chopatulika chikupezeka pa nthawi yeniyeni yomwe asilikali akufuna kuthawa, mudziwe kumene zachokera.

Kubwereka si mlandu. Funso loti muyankhe ndi lakuti mlembi wawonjezerapo chiyani. Ngati wangosintha maina, nenani.

Kwa owerenga a kuno, pali mbiri ya pafupi yomwe ingawathandize kumva msanga. Wansembe wachiJezuiti Gonçalo da Silveira anabatiza Mwene Mutapa, mfumu ya ufumu wa Mutapa, mu 1561 ndipo anaphedwa chaka chomwecho. Imfa yake inakhala chimodzi mwa zifukwa zomwe Apwitikizi anapereka potumiza gulu lankhondo la Francisco Barreto, lomwe linanyamuka ku Lisbon mu 1569 n'kukwera Zambezi mpaka ku Sena. Koma maso awo analinso pa migodi ya golide. Ku Sena mahatchi ndi asilikali atayamba kufa ndi matenda, mlandu unagwera amalonda achisilamu kuti athira chiphe, ndipo anaphedwa mwankhanza. Barreto mwiniwake anafera ku Sena mu 1573. Mtanda, golide, mantha ndi mphekesera zinayenda m'bwato limodzi. Chiganizo chimodzi chokumbutsa zimenezi chimatsegula maso a wowerenga kuposa ndime zitatu zofotokoza za mafumu a ku Ulaya.

Chimodzimodzi, buku likakhala ndi mneneri wouza asilikali kuti chida cha mdani sichingawalase, akuluakulu ambiri akumbuka gulu lankhondo la Naparama la Manuel António ku Zambézia, amene ankatemera anthu mphini zoti zipolopolo zisawalowe, mpaka iye mwini anaphedwa mu 1991.

Chenjezo: mbiri isadye ndemanga. Ziganizo ziwiri kapena zitatu zakwana. Ndipo chaka chilichonse chomwe mwalemba chitsimikizeni kaye.

5. Siyanitsani mawu a mpangankhani ndi maganizo a mlembi

Ili ndiye sitepe lomwe limasiyanitsa ndemanga yeniyeni ndi mkwiyo chabe, choncho musalipupulume.

Tinene kuti m'mutu wina mkulu wa ansembe waima pamaso pa asilikali n'kunena kuti kuwotcha mudzi wa osakhulupirira ndi chifundo, pakuti moto wa lero uwapulumutsa ku moto wosatha. Wolemba ndemanga wopupuluma amagwira mawuwo n'kulemba kuti, "Mlembiyu akuti kupha osakhulupirira ndi chifundo." Walakwa kale. Musanalembe chilichonse, funsani zinthu zitatu. Akulankhula ndani? Tikumvera mawuwo kudzera m'makutu a ndani? Nanga tsamba lotsatira likutionetsa chiyani?

Ngati tsamba lotsatiralo likutionetsa mnyamata wa m'gulu lomwelo akusanza kuseri kwa nkhokwe yopsa, m'manja atagwira mphika womwe waba, kwinaku akuyesa kumaliza pemphero lomwe mawu ake amuthawa, ndiye kuti mlembi waika ulaliki uja pafupi ndi fungo la utsi mwadala. Chiganizo choyenera m'ndemanga chikhala chonga ichi: "Mlembi amalola wansembe kulankhula mokoma mpaka wowerenga atatsala pang'ono kuvomera, kenako amatitengera kuseri kwa nkhokwe kuti tione mtengo wa mawuwo." Apa mwanena chomwe mlembi wachita, ndipo mwapereka umboni.

Nthawi zina zimatembenuka. Pali mabuku momwe wokhulupirira aliyense ndi chitsiru kapena wachinyengo, ndipo anzeru onse ndi okayika. Pamenepo mlembi waika chala pa sikelo, ndipo muli ndi ufulu wonena. Njira yoyesera ndi yosavuta: m'kope lanu pezani wokhulupirira mmodzi amene ndi wanzeru, woona mtima, ndipo chikhulupiriro chake chimamuchititsa chabwino china chomwe chimamutayitsa kanthu. Akasowa m'masamba 600, lembani zimenezo ndi cholembera chofiira.

Mabuku ambiri otere amakhalanso ndi munthu wochenjera modabwitsa, amene iye sakhulupirira kanthu koma amagwiritsa ntchito chikhulupiriro cha ena kuti awalamulire. Onani ngati mlembi akutisonyeza momwe amachitira, mawu enieni omwe wauza mkazi wamasiye kapena kalonga wamantha, kapena akungotiuza mobwerezabwereza kuti munthuyu ndi wanzeru. Kuuzidwa kokha sikukwanira. Sankhani chochitika chimodzi chomwe inunso munamva kuti akanakukolani, kapena nenani kuti simunachipeze.

6. Tchulani funso lakuya la bukulo m'chiganizo chimodzi

Musalembe kuti buku "lili ndi nzeru zakuya" n'kudutsa. Nzeru zake ziti? Kawirikawiri funso limakhala limodzi mwa awa. Kodi munthu amasankha yekha, kapena zomwe zinachitika iye asanabadwe ndi zomwe zimamuyendetsa? Ngati Mulungu ndi wabwino ndi wamphamvu zonse, n'chifukwa chiyani osalakwa amavutika? Kodi pali nkhondo yolungama? Kodi munthu angadziwe bwanji kuti mawu omwe akumva mumtima ndi a Mulungu osati ake omwe?

Mafunsowa si achilendo kwa owerenga anu. Loyamba lija Akhristu a mpingo wa Reformada ku Angónia amakumana nalo pa chiphunzitso cha kusankhidwiratu chomwe John Calvin anatsindika. Lachiwiri ndi la Yobu. Lachitatu analimbana nalo Augustine ndi Thomas Aquinas, akatswiri akale a chiphunzitso chachikhristu. Kutchula mmodzi mwa awa n'kokwanira, ndipo mutchule yekhayo amene mukumudziwa bwino.

Kenako yesani ngati funsolo lalowa m'mafupa a nkhani. Phimbani ndi dzanja ndime zonse zomwe anthu akhala pansi n'kumakambirana nzeru. Kodi zochita za ampangankhani zikufunsabe funso lomwelo? Ngati inde, mlembi wapambana. Ngati ayi, nzeruzo ndi zomatira pamwamba.

7. Yezani mdimawo

Mabuku awa amakhala ndi kuphana, kuzunza akaidi, ukapolo, kugwiririra. Pa chochitika chilichonse chankhanza chomwe mwaikapo kapepala, funsani ngati chasintha munthu wina m'nkhanimo, komanso ngati wozunzidwayo ali ndi dzina ndi moyo wake kapena wangobweretsedwa kuti afe. Werengani akazi a m'bukumo. Ngati onse ali m'nkhani chifukwa cha matupi awo okha, musabise pofuna kuoneka wolimba mtima. Mlembi akhoza kuyankha kuti akusonyeza dziko loipa, koma inu onani ngati akaziwo apatsidwa maganizo ndi zosankha zawo.

Kumbukirani amene mukuwalembera. M'chigawo chino cha Tete muli anthu amene anaona nkhondo yapachiweniweni ya 1977 mpaka 1992 ndi maso awo, ena anathawira ku Dedza, ku Ntcheu ndi ku Mwanza, ndipo za kuphedwa kwa anthu ambiri ku Wiriyamu pa 16 December 1972 sizinaiwalike. Kwa iwo mudzi wowotchedwa si chokometsera nkhani. Ikani chenjezo lomveka la mzere umodzi, monga "muli zochitika za kugwiririra ndi kupha ana", osafotokoza mwatsatanetsatane. Musayerekeze zowawa zenizenizo ndi za m'buku mwachibwana.

8. Matsenga: funso limodzi basi

Wochita matsenga amalipira chiyani? Ngati salipira kanthu ndipo mphamvu zake zimangotulukira pamene mlembi wapanikizika, chimenecho ndi chofooka. Ngati chipembedzo cha m'bukumo chimati amatsenga ndi otayika koma mafumu amawafunabe pankhondo, tchulani mkanganowo, chifukwa nthawi zambiri ndi wokoma.

9. Lembani

Pa intaneti, mawu 700 mpaka 900 akwana. Agaweni motere:

- Mawu pafupifupi 80: chigamulo chanu. Facebook imadula nkhani yaitali pakatha mizere yochepa n'kuika "Ver mais", choncho mizere iwiri yoyamba inene kale ngati buku ndi loyenera nthawi ya munthu komanso chifukwa chake.
- Mawu 150: dziko, mbali zolimbana, ampangankhani atatu. Tengani za m'gawo loyamba mwa magawo anayi a buku basi.
- Mawu 350 kapena kuposa: mfundo yanu yaikulu, yochokera pa sitepe 5 ndi 6, ndi zochitika ziwiri zoikira umboni.
- Mawu 120: zofooka, zotchulidwa ndi mutu wake.
- Otsalawo: amene angalikonde, amene alipewe, ndi chenjezo lija.

Mawu ogwira kuchokera m'buku asapitirire malo atatu, paliponse mizere itatu kapena kucheperapo. Mukawamasulira nokha m'Chichewa, nenani kuti mwamasulira ndinu. Maina a anthu ndi malo asiyeni momwe mlembi anawalembera.

Ngati ndemanga ikukawerengedwa pa wayilesi ya m'dera, iwerengeni mokweza wotchi ya pafoni ikuyenda. Mawu a Chichewa ndi aatali, ndipo zomwe zimaoneka zazifupi papepala zimadya mphindi zambiri pakamwa. Chepetsani maina achilendo afike pa atatu, poti womvera sangabwerere m'mbuyo kukaona kuti uja anali ndani.

10. Ipatseni munthu wachipembedzo china aiwerenge

Isiyeni igone usiku umodzi. Mawa lake ipatseni mnzanu uja, kaya ndi Mkatolika, Msilamu, wa Reformada kapena wa kudambwe. Musamufunse ngati yamukomera. Mufunseni kuti, "Achimwene, pali pomwe mwamva ngati ndikunyoza kwanu?" Akaloza chiganizo, onani ngati mukunena za chipembedzo cha m'buku kapena mwalumphira cha m'mudzi mosazindikira. Chigamulo chanu pa buku musachifewetse chifukwa cha iye. Chotsani mwala wokhawo womwe wagwera munthu amene sanali m'nkhani.

Zolakwa zomwe zimabwerabwera

Kuulula pampondachimera. Kulemba kuti "sindiulula zambiri koma mneneri uja si mmene mukumuganizira" ndi kuulula komweko. Ngati mfundo yanu singaime popanda mathero, ikani chenjezo m'zilembo zazikulu ndipo gawolo likhale pansi penipeni.

Kusandutsa ndemanga ulaliki. Ena amatha ndime zinayi akutsutsa chiphunzitso cha mulungu wongopeka ndi mavesi. Mulungu ameneyo kulibe amene akumupembedza. Chomwe mukuweruza ndi luso la mlembi posonyeza anthu omupembedzawo.

Kuweruza buku loyamba ngati kuti ndi nkhani yonse. Pa mndandanda wa mabuku atatu, loyamba likhoza kutha asilikali asanafike n'komwe ku mzinda woyera. Mukhoza kudandaula kuti latha mwadzidzidzi, koma musanene kuti mlembi waiwala funso lomwe mwina walisungira kutsogolo. Uzani wowerenga poyera kuti akagula ili, akudzimangirira ku enanso awiri.

Kutamanda kuvuta. Buku kukhala lovuta sikutanthauza kuti ndi lakuya. Pali kuvuta kobwera chifukwa ganizo ndi lolemera, ndipo pali kobwera chifukwa mlembi watchula mitundu khumi m'ndime imodzi. Nenani kuti ndi kuti mwa kuwiriku, ndipo perekani mutu womwe mwakuona.

Kukopera maganizo a ena. Musawerenge ndemanga za pa intaneti musanamalize kulemba yanu. Mukayamba ndi izo, mudzapezeka mukubwereza mikangano ya owerenga a ku London kapena São Paulo, n'kusiya zomwe maso a munthu wa ku Tsangano kapena Furancungo akanaona.

Kupereka nyenyezi zopanda chifukwa. Ngati mwalemba "4 pa 5", chiganizo chotsatira chinene chomwe chadya imodzi ija, ndi mutu womwe chili.